Ku Lusaka pa basi, kulondola dzanja limene linandisanjika

Lachinayi, 13 Juni 2024, Chipata

Ndikulemba ndili m'basi yoima pa siteshoni, nyali zonse atazimitsa, foni yatsala pa 31 peresenti. Basiyi inyamuka mawa 5 koloko m'bandakucha, ndiye kondakitala watilola ife amene tadula kale matikiti kuti tigone momwemu. Tilipo ngati khumi ndi awiri. Wina kumbuyo wayamba kale kuliza mkonono ngati ali pa mphasa ya kwawo.

Ndachoka ku Area 25 cha m'ma 10, ana nditawasiya kwa mlamu wanga. Minibasi ya ku Mchinji ndalipira K8,000, ndipo tinakhala pa depoti ola ndi theka tikudikira kuti idzaze, dalaivala akungoliza injini kuti tiziyesa tikunyamuka. Kuchoka pa boma kufika pa bodala K3,000, anthu asanu ndi awiri m'kagalimoto ka anthu anayi, ine theka la thupi lili pa mwendo wa agogo ena amene sanadandaule ngakhale kamodzi. Pa Mwami zinthu zinasintha. Chiyambire Disembala 2022 aku Malawi ndi aku Zambia amadinda m'nyumba imodzi, ndiye za kuyenda ndi katundu pamutu kuchoka ofesi ino kupita inayo zinatha. Chimene chinandiwawa ndi kusintha ndalama. Kwacha yathu inagwetsedwa ndi 44 peresenti mu Novembala chaka chatha, ndipo mpukutu umene ndinaumanga m'chitenje kunyumba, wonenepa ngati mtolo wa nkhuni, unasanduka timapepala tolowa m'thumba la malaya. Ndinawerenga katatu. Mnyamata wosinthayo anangoti, "Amai, ni mwamene ilili manje." Tikiti ya Lusaka K380 ya ku Zambia.

Zifukwa za ulendowu zimene ndauza anthu zilipo ziwiri. China ndi geni, ndikukapikula zitenje ndi nsapato za ana ku msika wa Kamwala ku Lusaka. China ndi azakhali anga a ku Mtendere, mlongo wawo wa malemu bambo, amene chiyambire Pasaka akhala akuimba kuti maso awo ayamba kuchita nkhungu, ndipite akandione akadaona. Chilipo chachitatu chimene sindinauze ngakhale abambo a kunyumba, poopa kusekedwa. Lamulungu likudzali, pa 16, zikwana zaka zitatu chimwalirireni Ambuye John Osmers, bishopu amene anandilimbitsa ndili ndi zaka 13, ndipo mtima wanga ukufuna tsikulo lindipeze ku Lusaka kumene anathera masiku awo.

Kutchalitchi kwathu ndine amene ndimaphunzitsa kalasi ya ana oyembekezera kulimbitsidwa. Chaka chilichonse ndimawauza kuti Ambuye Bishopu adzakusanjikani manja, ndipo chaka chilichonse lilime limandikola pa liwu lakuti manja, chifukwa ine ndinasanjikidwa dzanja limodzi.

Kuzizira kwa Juni kwalowa m'basi muno. Mayi wina wa ku Sinda wandiona ndikunjenjemera, wandiponyera bulangeti la mwana wake, iye wamufunditsa mwanayo jekete yake. Sindinamufunse n'komwe dzina.

Lachisanu, 14 Juni, pa msewu

Tanyamuka 5 itangodutsa pang'ono. Tisanatuluke n'komwe m'tauni, mlaliki anaimirira pakati pa mipando n'kutipempherera, kenaka anayendetsa chipewa. Ndinaponya K5. Ndimakhulupirira pemphero, komanso ndimaudziwa msewu wa ku Luangwa.

Tinafika pa Katete dzuwa litangotuluka, ndipo ndinapukuta nthunzi pa zenera kuti ndione bwino. Kuno ndiko ndinakulira. Bambo anali kalipentala, anawoloka bodala kutsatira ntchito ine ndili wakhanda, ndipo tinabwerera ku Malawi ndili ndi zaka 16. Tinadutsa njira yolowera ku St Francis, chipatala chimene a Anglikani anachiyambitsa mu 1948, kumene mng'ono wanga anabadwira. Kwinako zonse zasintha, mashopu athithikana pamene ndinkadziwa kuti pali tchire.

Tsiku londilimbitsa mu 1999 ndimalikumbuka ndi zinthu zazing'ono. Diresi yoyera yobwereka, yothina m'khwapa. Mawondo kuwawa pa simenti. Amayi anali atatichenjeza kunyumba kuti aliyense woyang'anitsitsa mkono wa Ambuye akaona mbama, ndiye mwana ukamuletsa choncho ndiye wamutuma. Itafika nthawi yanga ndinasuzumira, ndipo ndinaona kuti dzanja lamanja palibedi. Lamanzere linatera pamutu panga, lolemera, lofunda, ndipo linakhalitsa kuposa mmene ndinkayembekezera. Mawu amene ananena sindinawamve, mutu wanga unali pa funso limodzi: dzanja linalo linapita kuti? Anzanga ankati ng'ona. Wina anati chigayo. Palibe wamkulu amene anatiuza, ndipo ife sitikanayerekeza kufunsa.

Pa Katete pomwepo ndipo pamapatukira msewu wa ku Msoro, kumene kuli katedulo ya Luka Woyera, mpando wa dayosizi ya kum'mawa kuno. Ana a m'kalasi mwanga amadziwa dzina la Leonard Kamungu chifukwa cha koleji ya ansembe ya ku Zomba, koma ambiri sadziwa kuti munthuyo anagona ku Zambia. Anali wa ku Chia, kufupi ndi Nkhotakota, anayamba ngati mphunzitsi, anakaphunzira ku Zanzibar, anadzozedwa unsembe mu 1909, anafika ku Msoro mu 1911, ndipo mu Febuluwale 1913 anamwalira, atagwirako ntchito zaka ziwiri zokha. Iyeyo anayenda wapansi dziko limene ine ndikulidutsa nditakhala pa mpando wa siponji n'kumadandaula msana.

Pa Nyimba nthochi, phava lathunthu K20, ndinagulira azakhali. Pa Luangwa tinaima mphindi makumi awiri. Kutentha kwa m'chigwa kunatilandira ngati tatsegula uvuni, majuzi onse kuvula. Nsomba zouma zili mbwee m'mathebulo, madengu ndi malichero atapachikidwa mzere wonse. Ndinafunsa mtengo wa nsomba koma ndinasunga ndalama, ndidzagula pobwerera.

Zitunda za kutsogoloko ndiye sindizikonda. Msewu umakhotakhota, kumanzere phiri, kumanja phompho, ndipo tinadutsa thiraki itagona chammbali, matumba a simenti atamwazika. Ndinatseka maso n'kuyamba Atate Wathu, ndinafika pakati n'kuiwala, ndinayambiranso. Minda ya m'mbali mwa msewu ikuonetsa chilala cha chaka chino: mapesi aafupi, oyera, opanda chinthu.

Tafika pa Intercity, depoti ya mabasi ya ku Lusaka, cha m'ma 3. Ndisanaponde pansi anyamata anayi anali atagwira kale chikwama changa, aliyense akukoka kwake. Anandipulumutsa ndi msuweni wanga, amene anatulukira akukuwa kuti, "Musiyeni, ni mkazi wanga uyu!" Zaka khumi ndi chimodzi osaonana, chisuweni chikadali chomwecho.

Loweruka, 15 Juni, Mtendere

Azakhali anandiona ndi manja dzulo. Anandigwira masaya, mphuno, mapewa, n'kuti, "Mphumi ya achimwene iyi." Tinalira pang'ono, kenaka anandikalipira kuti ndaonda.

M'mawa ku Kamwala. Sindilembapo zambiri, amene amapitako akudziwa. Miyendo yatupa, ndapeza zitenje zabwino koma nsapato zakwera moti ndikawerengera transipoti ndi za pa bodala, phindu lake ndi la sopo basi. Nkhomaliro ndinadya chikanda cha K10 ndi maheu nditaimirira.

Nkhani ili madzulo. Magetsi kuno akuzima theka la tsiku chifukwa madzi achepa ku Kariba, ndiye tinadya nsima ya kapenta ndi chibwabwa, umene kwathu timati nkhwani, titazungulira mbaula, nyali ya foni itatsamira botolo. Mumdimamo ndi mmene ndinalimba mtima kuulula chifukwa chachitatu chija. Ndinkayesa aseka. Azakhali anakhala chete, kenaka anati, "Ba Osmers? Iwe mwana, bwanji sunakambe kudala?" Iwo ndi a Mothers' Union zaka zoposa makumi atatu, ndipo mbiri ya ansembe a mu Lusaka amaidziwa ngati mmene amadziwira mitengo ya pa msika.

Zina ndinaziwerengapo nditakula, koma kuzimva m'kamwa mwa munthu amene ankawaona akudutsa n'kwina. A Osmers anabadwira ku New Zealand mu 1935. Unsembe anakaphunzira ku Mirfield, ku England, kwa ansembe a gulu lomwe lija la a Trevor Huddleston, amene anatchuka polimbana ndi tsankho ku Sophiatown, ku South Africa. Mu 1965 anapita ku Lesotho kukakhala wansembe wa parishi za kumidzi, ndipo anakhalako zaka khumi ndi zisanu. Pamenepo azakhali anandifunsa ngati ndikudziwa kuti mawa ndi tsiku lanji ku South Africa. Pa 16 Juni 1976 apolisi anawombera ana a sukulu ku Soweto, ndipo m'miyezi yotsatira ana ambirimbiri anathawa m'dzikomo, ena n'kuwolokera ku Lesotho opanda kholo, opanda chikalata. A Osmers anayamba kuwalandira ndi kuwafunira malo a sukulu. Mu Julayi 1979 kunabwera phukusi. Atalitsegula linaphulika, dzanja lamanja linathera pomwepo, ndipo ena amene anali nawo m'chipindamo anavulala.

"Si ng'ona ayi," anatero azakhali, nditawauza zimene tinkanena tili ana. Anaseka mpaka kutsokomola.

Pasanapite nthawi boma la Lesotho linawatulutsa m'dzikomo. Anapita ku Botswana, n'kupitiriza zomwezo za othawa kwawo, mpaka mu 1988 atamva kuti kwatumidwa anthu odzawapha. Ndi mmene anafikira ku Lusaka. Masiku amenewo likulu la ANC, chipani chimene chinkalimbana ndi ulamuliro wa tsankho ku South Africa, linali mumzinda uno, mtsogoleri wake a Oliver Tambo ankakhala ku Chelstone, ndipo a Osmers anakhala wansembe wa anthu a chipanicho: kuwabatizira ana, kuwadalitsira maukwati, kuwaika m'manda amene anafera kuchilendo. Mu 1995 anasankhidwa kukhala bishopu woyamba wa dayosizi ya kum'mawa kwa Zambia, ndipo anatumikira mpaka 2002. Ine ndinagwada pamaso pawo pakatikati pa zaka zimenezo, osadziwa kanthu.

Msuweni wanga, amene anasiya Anglikani n'kulowa mpingo wina wa matenti, anayamba makani. Choyamba anati munthuyo anaduka manja onse awiri. Azakhali anamudula: ameneyo ndi wina, a Michael Lapsley, nawonso wansembe wa Anglikani wochokera ku New Zealand, amene bomba la m'kalata linawapeza ku Harare mu 1990. Kenaka anafunsa funso limene, kunena zoona, nanenso limandivuta. ANC inali ndi asilikali ake, Umkhonto we Sizwe. Wansembe angadalitse bwanji anthu amene mawa lake akukanyamula mfuti? Kodi si ndale zimenezo, zovala kolala?

Ine ndinayankha za m'buku, kuti asilikali a boma lililonse ali ndi ansembe awo ndipo palibe amafunsa. Azakhali sanalowe m'zimenezo. Anangofunsa mwana wawoyo kuti, mwana wa zaka 17 akagogoda pakhomo pako usiku, wathawa zipolopolo, umayamba wamufunsa khadi ya chipani? Msuweni anati imeneyo si yankho. Mwina si yankhodi. Tinasiyira pomwepo chifukwa makala anatha ndipo kunja kunali kuzizira koopsa.

Ndisanagone azakhali anawonjeza kanthu kamene sindinkadziwa: a Tambo nawonso anali a Anglikani, mphunzitsi wa masamu ndi sayansi, ndipo anali atavomerezedwa kale kuti akonzekere unsembe pamene anamangidwa pa mlandu woukira boma mu 1956.

Lamulungu, 16 Juni

Azakhali anavala yunifolomu yawo, yoyera ndi yabuluu, yosita ndi simbi ya makala kuyambira usiku. Kawirikawiri amapemphera kufupi ndi kwawo, koma lero anati tipite ku katedulo chifukwa cha ine. Msuweni anatiitanira Yango, takisi yoitana pa foni, K70, iye osakwera.

Katedulo ya Mtanda Woyera ili pa kamtunda, m'mbali mwa Independence Avenue. Inatsegulidwa mu 1962, dziko lisanalandire ufulu. Kunja ndi chikonkire chachitali chosakongola kwenikweni, koma ukalowa, mawindo ake ataliatali a magalasi amitundumitundu amathira kuwala pansi ngati wina wamwaza mikanda. Azakhali sangaonenso zimenezo bwinobwino, anandiuza kuti ndiwafotokozere mtundu umene wagwa pa diresi yawo. Unali wofiirira.

Nyumbayi yaona zambiri. Muno ndi mmene atsogoleri a mipingo anakhazika a Kaunda ndi a Chiluba pamodzi mu Julayi 1991, dziko likulowa m'zipani zambiri. Muno ndi mmene munachitikira mwambo wa mapemphero a maliro a a Kaunda mu Julayi 2021. A Osmers anamwalira pa 16 Juni chaka chimenecho, a Kaunda pa 17, ndipo azakhali akuti mzinda wonse unali pa maliro a mawa lakewo, komanso inali nthawi ya Covid, anthu akuopa kusonkhana. Iwo analira a Osmers ali m'nyumba, pawailesi pakumveka nyimbo za maliro a munthu wina.

Misa inali ya Chingerezi, ndipo ndinadzimva mlendo pang'ono pakati pa masuti ndi mafuta onunkhira, ine ndi nsapato zanga za fumbi la ku Kamwala. Pa mapemphero a omwalira ndinatchula dzina lawo chamumtima, pamodzi ndi la bambo. Ndinkayesa ndidzamva china chake chachikulu, misozi kapena chiyani. Ayi ndithu. Ndinkangoganiza kuti mawondo akuwawa ngati tsiku lija.

Titatuluka, azakhali anandikokera kwa abambo ena achikulire, mphunzitsi wopuma ntchito wa kwawo ku Petauke, amene amalankhula Chinsenga chosakaniza ndi Chinyanja cha m'tauni. Titakhala pa khonde padzuwa, iwo ndi amene ananditsegulira mbali imene sindinkaiganizira. Ine a Osmers ndinkawadziwa ngati bishopu wa bomba. Iwo anati ayi, munthu uja anali mphunzitsi kuyambira pachiyambi mpaka pamapeto. Atapuma ubishopu, pa msinkhu umene anzawo amabwerera kwawo kukadya penshoni, anavomera kukatsogolera seminale ya Yohane Woyera ku Kitwe, kuyambira 2007 mpaka 2011. Werengani nokha: anayamba ali ndi zaka 72. Seminale imeneyi kale inali mu Lusaka muno, ndipo ansembe ambiri akale a ku Malawi anaphunzira kumeneko, nthawi imene wophunzira wa ku Likoma kapena ku Malindi ankayenda masiku angapo kuti afike.

Ndinafunsa kuti ku seminale amaphunzira chiyani zaka zonsezo, poti ife timangoona munthu watuluka atavala mkanjo. Anawerenga pa zala: Baibulo lonse mbali ziwiri, mbiri ya mpingo, chiphunzitso, kayendetsedwe ka Misa, kalalikidwe, kasamalidwe ka odwala ndi ofedwa. Kenaka anati chovuta si kuloweza zimenezo. Chovuta ndi pamene mnyamata wa zaka 25 afunsa m'kalasi kuti Mulungu anali kuti pamene zakutizakuti zinkachitika, ndiye mphunzitsi amene waima kutsogoloyo akulemba pa bolodi ndi dzanja lamanzere chifukwa linalo linatsala ku Lesotho. Iwo anati yankho la munthu wotereyo wophunzira amalimvetsera mwina, ngakhale litakhala lomwe lija la m'buku.

Ndinaganiza za kalasi yanga. Ana makumi awiri ndi atatu, Loweruka lililonse 2 koloko, pansi pa mtengo wa mango kuseri kwa tchalitchi. Ndimawalowezetsa katekisimu, mafunso ndi mayankho, ndipo akalakwa ndimakwiya. Chaka chatha mtsikana wina anandifunsa chifukwa chimene Mulungu analolera namondwe Freddy kukokolola agogo ake ku Phalombe, ndipo ine ndinati funso limenelo silili pa mayeso.

M'zaka zawo zomaliza a Osmers anali bishopu wothandizira mu Lusaka, maso atafooka kwambiri mpaka ankachita kuwerengeredwa. Azakhali atamva zimenezo zikunenedwa anagwira mkono wanga n'kuti, "Waona, si ine neka."

Tinabwerera pa minibasi ziwiri, K26 tonse. Nkhuku ya Lamulungu inali yolimba ngati tayala, koma msuzi wake!

Lolemba, 17 Juni, Mtendere

Sindinafune kulemba za lero. Ndayamba kawiri n'kufufuta.

M'mawa azakhali anandituma shuga ndi machesi pa kashopu ka pa kona. Ndisanatuluke anati ndikamuuze mwini shopuyo kuti ndine amene ndinalimbitsidwa ndi Ba Osmers. Ndinadabwa, koma ndinanena. Bamboyo, wamtali, wa zaka ngati makumi anayi ndi zisanu, anasiya sikelo n'kutuluka kuseri kwa waya kudzandigwira dzanja ndi manja awiri. Ndi wa ku Rwanda. Chinyanja chake n'chosalala kuposa changa cha kuno. Anafika ku Zambia ali mnyamata, atayenda wapansi kudutsa Congo.

Anandikhazika pa kreti ya zakumwa n'kundifotokozera. Ulamuliro wa tsankho utagwa ku South Africa ndipo a ANC atabwerera kwawo, a Osmers sanapite nawo kukalandira ulemu. Anatsala, n'kutembenukira kwa othawa ena amene anali atangofika kumene, makamaka a ku Rwanda. Ntchito yake inali yomwe ija ya ku Lesotho: kufunafuna fizi, kulemba makalata kwa abwenzi akunja, kulowetsa ana m'makoleji. Mlongo wake wa bamboyu ndi namwino lero chifukwa cha zimenezo. Ndipo pamene lamulo linati kuyambira pa 30 Juni 2013 anthu a ku Rwanda amene anathawa kale saonedwanso ngati othawa kwawo, ambiri n'kutsala opanda chikalata chilichonse, a Osmers anali m'gulu la amene ankawalankhulira poyera, ali nkhalamba ya zaka pafupifupi 80.

Ndinafunsa za waya wochindikala wa pa shopuyo. Anati anauika pambuyo pa Epulo 2016, pamene mphekesera zinabuka m'makomboni a Lusaka ndipo anthu anathyola mashopu a anthu a ku Rwanda. Yake inaphwanyidwa. Usiku umenewo iye ndi ana anagona m'nyumba ya azakhali anga, pansi pa thebulo limene ndadyerapo masiku atatu awa. Azakhali sananditchulirepo n'kamodzi komwe.

Shuga anakana kulandira ndalama. Ndinakakamira, anakana.

Pobwerera sindinalowe m'nyumba msanga, ndinaima kuseri kwa bafa. Ku Area 25, pafupi ndi kwathu, panali shopu ya banja lina limene tonse tinkangoti Maburundi, ngakhale sindinafunsepo ngati analidi a ku Burundi. Mayi wake ankandikongoza mafuta ophikira ndi buledi mwezi ukafika pakati, ankalemba m'kabuku ka sukulu. Mu Meyi 2023, boma litalamula kuti othawa kwawo onse abwerere ku Dzaleka, anabwera kudzawatenga m'mawa. Ine ndinaonera pa zenera, katani nditangoipatula pang'ono. Sindinatuluke. Ndinadziuza kuti ndi lamulo, nanga ine ndine ndani. Ndipo, ndinene zonse poti ndayamba, m'kabuku kaja munali K14,500 yanga, ndipo penapake mumtima ndinapuma kuti yathera pomwepo. Loweruka la sabata yomweyo ndinapita pansi pa mango kukaphunzitsa ana za Msamariya.

Ndinawauza azakhali madzulo, magetsi atazimanso. Sanandikalipire, sananditonthozenso. Anafunsa kuti ku Dzaleka n'kutali bwanji kuchoka ku Lilongwe. Ndinati ndi ku Dowa, ola limodzi pa minibasi. Anati, "Oho." Kenaka anandiuza kuti ndisonkhezere moto.

Pawailesi tsiku lonse akhala akukumbukira a Kaunda.

Lachiwiri, 18 Juni, pobwerera

Basi ya 5 koloko. Msuweni anandinyamulira chibelo cha zitenje mpaka pa Intercity, katundu analipiritsa K100, ndipo potsanzikana anati ndikamuuze mwamuna wanga kuti akungondisungira. Azakhali anadzuka 3 koloko kundiphikira mbatata ndi mazira, anandigwiranso nkhope yonse pakhomo. Opaleshoni ya maso akuti mwina Ogasiti. Ndalonjeza kubwera, ndipo ndikudziwa mmene malonjezo a pa bodala amathera, ndiye ndalemba pano kuti mudzandifunse.

Zitunda zija ndazidutsa ndili m'tulo. Pa Luangwa ndagula nsomba za K150, mayi wogulitsayo wandiikira ziwiri za basera atamva kuti ndine wa ku Malawi, ati amayi ake anali a ku Dedza. Chikwama chonse chikununkha, mnzanga wa pampando watsegula zenera.

Pa Katete sindinasuzumire kwambiri ulendo uno, ndinali pa foni. Ndalembera mnzanga wina amene amagulitsa tomato pa Dowa Turn Off, kumufunsa ngati angandifufuzire mayi uja mu kampu. Dzina lake loyamba lokha ndi limene ndikulidziwa, ndi la mwana wake wamkazi amene anali Sitandade 4. Wayankha kuti anthu kumeneko ndi ochuluka zedi koma ayesa, ali ndi kasitomala amene amadziwa aliyense. Ndapatula K14,500 pa ndalama za nsapato zimene sindinagule, ndaikulunga payokha m'kapepala ka tikiti.

Chipata tifika cha m'ma 2. Ndikapeza takisi msanga ndiwoloka lero lomwe, ndikagona kwathu. Foni yatsala pa 9 peresenti.